Nyimbo zoyenda ngati anyamula maliro: Candlemass ndi ine

Tsiku lina mchemwali wanga anandiimbira pa WhatsApp ndili kukhitchini, nyimbo ikulira pa sipika. Moni sanapereke n'komwe. "Achimwene, zikulirazo n'chiyani? Mwayamba kupemphera kuti masiku ano?" Ndinaseka mpaka nsima inatsala pang'ono kupserera, koma funso lakelo silinali lachibwana. Munthu akamamva Candlemass koyamba mutu umaima. Magitala akubangula ngati mabingu a mvula yoyamba, ng'oma ikugunda mwaulesi ngati musi wa agogo otopa, ndiye pamwamba pa chiphokoso chonsecho pali bambo akuimba mwanthetemya, mawu oyera, okwera ngati a wotsogolera kwaya pa Pasaka. Ndinamuuza kuti ndi gulu la ku Sweden, azibambo akuluakulu, ena adutsa zaka 60. Anamvetsera kanthawi, kenako anati, "Koma zikumveka ngati za pamaliro."

Analasa pomwepo. Chimene iye anamva nthawi yomweyo, ine chinanditengera miyezi.

Nyimbozi ndinakumana nazo ku Birmingham, chaka changa choyamba kuno, ndikugwira ntchito ya usiku kunyumba yosamalira okalamba. Amene anakhalapo ku Mangalande mwezi wa Disembala akudziwa: umaweruka kunja kudakali mdima, umagona, podzuka dzuwa lalowa kale, sabata n'kutha osaliona. Pantchitopo panali mzungu wina wa ndevu zaimvi, wophika, amene ankafika m'mamawa ife tikuwerenga mphindi zoti tizipita. Sanali wolankhulalankhula, koma ukangotchula Black Sabbath, tiyi ankazizira m'kapu. Anakulira ku Aston, dera lomwelo kumene anyamata anayi anayambitsa gululo mu 1968, ndipo kwa iye nyimbo zonse za heavy metal zinabadwira pakhomo pake.

Ndi iye anandisimbira za Tony Iommi, woimba gitala wa gululo. Ali ndi zaka 17, makina a mufakitale ya malata anamudula nsonga za zala ziwiri za dzanja lamanja. Poti ndi wamanzere, dzanja lamanjalo ndi lomwe limakanikiza nsambo za gitala. Anadzipangira tizisoti ta pulasitiki tovala kuzalako, anaika nsambo zopyapyala, ndipo pofika 1971 anali atayamba kuzikhwefula kuti zisamamupweteke. Nsambo yokhwefuka imalira mozama, molemera. Wophika uja anati ana a Sabbath ndi ambirimbiri, koma pafupifupi onse anakula n'kuyamba kuthamanga. "Ukafuna amene anatengera mayendedwe a bambo awo," anatero, "usake awa." Anandilembera dzina la chimbale kuseri kwa pepala la zakudya za tsikulo, chifukwa pakamwa pokha sindikanaligwira: Epicus Doomicus Metallicus, chimbale choyamba cha Candlemass.

Mwini filimu pa nkhani yonseyi ndi Leif Edling, woimba gitala ya besi, wobadwa mu 1963. Ndi iye amapeka pafupifupi nyimbo zonse, mawu ndi zing'wenyeng'wenye zomwe. Anakulira ku Upplands Väsby, tauni ya kumpoto kwa Stockholm, panjira yopita kubwalo la ndege la Arlanda. Poyamba anali ndi gulu lotchedwa Nemesis momwe ankaimbanso ndi pakamwa, ndipo chapakati pa zaka za m'ma 1980 ndi pomwe Candlemass inabadwa. Chimene chimandiseketsa n'chakuti tauni yomweyo ndi kwawonso kwa gulu la Europe, aja a The Final Countdown, nyimbo imene tinkaimva pa wailesi tili ana osadziwa n'komwe kuti oimba ake ndi a dziko liti. Nyimbo imeneyo inatuluka mu 1986 n'kugwedeza dziko lonse. Chaka chomwecho, anyamata ena a tauni yomweyo anatulutsa chimbale chimene pafupifupi palibe anachigula.

Kuti mumvetse kuuma mutu kwawo, kumbukirani kuti 1986 chinali chaka cha liwiro. Metallica inatulutsa Master of Puppets. Slayer inatulutsa Reign in Blood, nyimbo 10 m'mphindi zosakwana 30. Mnyamata aliyense wogwira gitala ankafuna kuonetsa kuti dzanja lake ndi lothamanga kuposa la mnzake. Candlemass inabwera ndi nyimbo 6 zokha, zotenga mphindi zoposa 40, ina ya Demon's Gate yokha mphindi 9. Sanali okha panjira imeneyi. Ku Chicago kunali Trouble, ku Los Angeles Saint Vitus, ndipo Pentagram ndi Witchfinder General analinso atayenda kale mumthunzi wa Sabbath. Koma dzina la chimbale cha a ku Sweden ndi lomwe linakhomerera msomali pa mawu oti doom metal. Doom ndi tsoka losathawika, mlandu womwe chigamulo chake chinaperekedwa kale. Dzina lonselo ndi Chilatini chabodza, chonga chomwe ana otumikira pa Misa amapeka akamatsanzira bambo mfumu kuseri kwa tchalitchi. Ichi ndimachikonda, chifukwa chimaonetsa kuti anthu oimba za imfawa ankadziwanso kudziseka.

Anajambula chimbalecho mu situdiyo ya Thunderload, ya abale awiri a m'gulu la Heavy Load, chipinda chapansi pa siteshoni ya sitima zoyenda pansi panthaka ku Stockholm. Inali nyengo yozizira, ndipo chisanu cha m'chipindamo amachisimbabe mpaka lero. Stockholm ili kumpoto kwambiri kuposa Birmingham, moti chakumapeto kwa Disembala dzuwa limaoneka maola 6 okha. Sindikufuna kunena kuti mdima ndi umene unapeka nyimbozi, poti ABBA nayonso ndi ya mumdima womwewo. Koma ine amene ndinazimva koyamba ndili pasiteji ya basi, manja atachita dzanzi, sindingathe kuzilekanitsa ndi chisanu.

Vuto linali limodzi: analibe woimba ndi pakamwa. Anatenga mnyamata wina, Johan Längqvist, ngati waganyu. Anabwera, anaimba nyimbo 6 zija, anzakewo anamupempha kuti akhale, iye anakana n'kumapita. Musamuiwale ameneyu. Kampani ya ku France ya Black Dragon inatulutsa chimbalecho mu Juni 1986, pachikuto pali chigaza cha nyanga chobayidwa ndi zisonga zopingasa ngati mtanda. Malonda atakanika, kampaniyo inawasiya.

Tsono za kamvekedwe kake, pomwe pagona nkhani.

Anthu amaganiza kuti kuimba pang'onopang'ono n'kophweka. Funsani aliyense amene anatsogolerapo nyimbo pa siwa pakati pa usiku, mawu atasasa, ena akusinza. Nyimbo yothamanga imabisa zolakwa, yodekha imakuvula. Ukangophonya pamodzi, mudzi wonse wamva. Msana wa nyimbo ya Candlemass ndi chimene oimba amachitcha riff, kachidutswa ka manoti ochepa komwe gitala imabwereza. Mats Björkman amakaimba pa gitala, Edling amakatsatira pansi ndi besi, zonse zikuyendera limodzi ngati ng'ombe ziwiri pagoli limodzi. Noti iliyonse amaisiya ilire mpaka iyambe kuzilala, kenako ndi pomwe inzake imagwa. Pakati pa ziwirizo pamakhala kampata, ndipo kampata kameneko ndi komwe kamakugwira pachifuwa, chifukwa ukudziwa kuti chinthu cholemera chikubwera koma sungachifulumize. Ng'oma nazo sizikankha nyimbo kutsogolo. Zimaigwira malaya kuti isathawe.

Inu amene munaphunzira do re mi kukwaya mundimva msanga. Nyimbo zathu zambiri zachisangalalo zimapumira pa do, mi ndi so. Izi zimakonda kupumira pa la kapena pa mi, ndipo kawirikawiri zimasuntha kaphazi kakang'ono kokha, ngati kuchoka pa mi kupita pa fa n'kubwerera, kamene kamamveka ngati chitseko cholemera chikutsekeka. Zimakondanso kudumpha mtunda wa pakati pa fa ndi ti, umene khutu limaukana poyamba, womwe akatswiri a nyimbo ku Ulaya anaupatsa dzina loti mdyerekezi wa m'nyimbo. Black Sabbath inamanga nyimbo yoyamba ya chimbale chawo choyamba, cha 1970, pa mtunda womwewu. Edling anatenga zida zomwezo, koma anamanga nazo chinthu china. Sabbath imanunkha utsi wa fakitale ndi blues, nyimbo zakale za anthu akuda a ku America. Candlemass imanunkha lubani ndi miyala yonyowa ya tchalitchi chakalekale. Blues anaichotsamo, n'kuikamo ulemu wa nyimbo za m'tchalitchi ndi za akatswiri akale a ku Ulaya. N'chifukwa chake mtundu wawo amautcha epic doom.

Si kuti zonse n'zokwawa ayi. Pali nyimbo monga Mirror Mirror zimene zimayenda ndawala. Ndipo Lars Johansson, woimba gitala amene analowa m'gululi pambuyo pa chimbale choyamba, wamanzere ngati Iommi, akayamba kuimba yekha zala zimauluka, pomwe pansi riff ikupitirirabe mwaulemu wake. Zimakhala ngati namzeze akuzungulira pamwamba pa ngolo yodzaza chimanga.

Chimbale cholephera chija chinafika m'makutu mwa mnyamata wina wa kum'mwera kwa Sweden, woimba m'gulu la Mercy, wodzitcha Messiah Marcolin. Anasamukira ku Stockholm n'kutenga malo omwe waganyu uja anakana. Pamene chimbale chachiwiri, Nightfall, chinkatuluka chakumapeto kwa 1987 anali asanakwanitse zaka 20, koma mawu ake mungati ndi a bambo wa ana asanu: aakulu, onjenjemera kumapeto kwa mzere uliwonse ngati a oimba opera. Anali wojintcha, tsitsi lambirimbiri, ndipo pasiteji ankavala mkanjo wa amonke n'kumaponda pansi mwamphamvu, kavinidwe kamene otsatira gululi amakatcha doom dance. Mukapeza mpata onerani kanema wa nyimbo ya Bewitched. Messiah akutuluka m'bokosi la maliro, maso ali tong'o, akulodza anyamata a tsitsi lalitali kuti azimutsatira pambuyo. Ndi kanema wotchipa, woseketsa ngati sewero la ana a Sande sukulu, koma amene anamujambula ndi Jonas Åkerlund, yemwe pambuyo pake anadzajambulira Madonna ndi Lady Gaga.

Ambiri amati Nightfall ndiye pachimake, ndipo sindingawatsutse kwambiri. Ndi pomwe gulu lodziwika lija linakwanira: Edling, Björkman, Johansson, Jan Lindh pa ng'oma, ndi Messiah kutsogolo. Pachikuto anaikapo chithunzi cha Thomas Cole, wojambula wa ku America wa zaka za m'ma 1800, chosonyeza nkhalamba m'bwato itafika kumapeto kwa ulendo, mngelo akuilozera kuwala. Mkati muli nyimbo ya maliro ya Chopin yoimbidwa ndi magitala. Muli At the Gallows End, ya munthu amene akudikira kunyongedwa kukacha. Muli Samarithan, ya munthu amene anatola wopemphetsa wokalamba n'kumusamalira mpaka imfa, ndipo tsiku lake lomwalira litafika angelo anabwera kudzamutenga.

Apa ndi pomwe ndinamuyankhira mchemwali wanga za kupemphera kuja. Dzina loti Candlemass likuchokera ku chikondwerero cha pa 2 Febuluwale, masiku 40 chibadwire Yesu, pokumbukira kuperekedwa kwake m'kachisi, tsiku limene Akatolika amadalitsa makandulo. Sindikunamizani kuti ndi nyimbo zauzimu. Muli ziwanda, muli afiti, muli manda, ndipo chigaza cha nyanga chija ndi chizindikiro chawo mpaka lero. Amayi anga atachiona pa malaya anga sakanafunsa kawiri. Koma Edling amalemba ngati munthu amene anawerenga Chivumbulutso ali mwana n'kulephera kugona. Za chiweruzo, za kulapa, za moyo ukatha, ndi zimene zimamudya. Kwa ine amene ndinakula ndi maulaliki a moto wa gehena pa misonkhano ya chitsitsimutso, dziko limeneli silinali lachilendo. Chachilendo chinali magitala basi.

Komabe ndinene maganizo anga, ena akwiye. Pakati pa Messiah ndi Längqvist, ine ndimasankha waganyu uja. Messiah amaimba ngati mlaliki ataima pamtumbira: mawu amphamvu, manja m'mwamba, akudziwa kuti onse akumuyang'ana. Längqvist amaimba ngati namfedwa. Mverani Solitude, nyimbo yotsegulira chimbale choyamba. Imayamba ndi gitala ya bokosi ndi mawu a munthu ali yekhayekha mumdima, wotopa ndi moyo, kenako magitala amagetsi amagwa ngati chipupa cha nyumba nthawi ya dzinja. Mawu ake sakometsa. Penapake amakhala ngati asweka, ndipo pomwepo ndi pamene ndimamukhulupirira.

Zotsatira zake ndizidutsa mwachangu, chifukwa ndi nkhani ya banja losatha kukhalitsana. Ancient Dreams ya 1988 inalowa pa Billboard 200, mndandanda wa zimbale zoyenda malonda kwambiri ku America. Tales of Creation inabwera mu 1989. Mu 1991 Messiah anachoka atasemphana ndi anzake. Thomas Vikström anaimba pa Chapter VI mu 1992, anthu sanaikonde kwenikweni, ndipo mu 1994 gulu linatha. Edling analidzutsanso chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 ndi anthu ena, Björn Flodkvist akuimba, n'kutulutsa Dactylis Glomerata ndi From the 13th Sun. Messiah anabwerera, anatulutsa chimbale cha chikuto choyera cha 2005 chomwe chinapata mphotho ya Grammis kwawoko, ndipo mu 2006 anachokanso. Kenako Robert Lowe wa ku Texas, wa gulu la Solitude Aeturnus, anaimba pa zimbale zitatu kuyambira 2007 mpaka 2012. Kenako Mats Levén. Pakati pa zonsezi Edling anadwala matenda a kutopa kosatha, moti kwa zaka zingapo sankayenda ndi anzake kokaimba, koma kupeka sanasiye. Oimba kutsogolo amabwera n'kupita ngati alendi. Landilodi ndi uja waima kumbuyo ndi besi.

Chaka changa chachiwiri kuno amalume anamwalira kumudzi. Ndi amene anandilipirira fizi ya sekondale bambo atatisiya. Ndalama ya ndege ndinalibe, ndipo ngakhale ikanapezeka, mwambo sukanandidikira. Maliro ndinawaonera pa foni, msuweni wanga atainyamula m'mwamba, netiweki ikudukaduka. Ndinamvako amayi a Mvano akuimba pa siwa, nyimbo zija amazikoka mpaka mzere umodzi kutenga mpweya wonse. Ndinaonako adzukulu atanyamula bokosi, phazi ndi phazi, fumbi lili koboo, kenako chithunzi chinauma. Usiku womwewo ndinapita kuntchito. Ndinasambitsa okalamba a eni ake, ndinawatembenuza pabedi, ndinamwetulira pofunika kumwetulira.

Poweruka sindinakwere basi. Ndinayenda wapansi, zomvera m'makutu, mvula yowaza ikugwa. Ndinayesa nyimbo za kwathu zauzimu zomwe zinali m'foni, koma zambiri zinali zovinika, za kiyibodi yodumphadumpha, zondiuza kuti ndipukute misozi. Ine sindinkafuna kupukuta. Ndinali ndisanalire n'komwe. Ndinaika chimbale cha wophika uja, ndipo pofika pakati pa Under the Oak ndinazindikira kuti mapazi anga asintha. Ndinkayenda ngati mmene adzukulu aja ankayendera. Palibe amene ankandifulumiza, palibe amene ankati limbani mtima achimwene. Nyimbo inkangoyenda nane pambali, yolemera ngati chimene ndinanyamula. Ndinafika kunyumba chimbale chitatha n'kuyambiranso, jekete ili chonyowa, ndipo ndinagona tulo koyamba chimvereni uthenga.

N'chifukwa chake nkhani ya Längqvist imandikhudza mopitirira muyeso. Munthu anaimba ganyu ya masiku ochepa ali mnyamata, n'kupita kukakhala moyo wake kutali ndi magetsi a pasiteji, pomwe chimbale chija chinkakula pang'onopang'ono kumbuyo kwake. Chinasindikizidwanso, magulu atsopano ku England, ku Finland ndi ku America anaphunzirapo, mpaka chinasanduka muyeso wa mtundu wonsewu. Mu 2011 anakwera nawo pasiteji ku chikondwerero cha Roadburn ku Netherlands n'kuimba chimbale chonsecho. Ndiye mu 2018, patatha zaka 32, anavomera ntchito imene anaikana mu 1986.

The Door to Doom inatuluka mu 2019, chigaza cha nyanga chija chitabwereranso pachikuto. Mawu a Längqvist anakalamba, anakhuthala, pamwamba pomwe ankafika mosavuta tsopano amachita kukwera ndi ndodo, ndipo ine ndimawakonda choncho. Pa nyimbo ya Astorolus – The Great Octopus anabwera mlendo kudzaimba gitala: Tony Iommi mwini wake, ndi zala zake zoduka zija. Nyimboyo inapikisana nawo pa mphotho ya Grammy mu 2020, koma mphothoyo inapita kwa gulu la Tool. Nditamufunsa wophika uja ngati zinamuwawa, anangogwedeza mapewa n'kunena kuti bambo akabwera kudzacheza pakhomo pa mwana, za satifiketi zilibenso ntchito. Mu 2022 anatulutsanso Sweet Evil Sun, Längqvist akadali pomwepo.

Ku Broad Street kuno kuli benchi ya chikumbutso cha Black Sabbath, pamlatho wa ngalande, pomwe alendo amajambulitsa atakhala pakati pa nkhope zinayi zija. Ndimadutsapo nthawi zina popita kotumiza ndalama. Mwezi wathawu ndinatumiza ya chiliza cha amalume, ndipo madzulo ake mchemwali wanga anaimbanso, ine ndili pa mbaula yomwe ija, Solitude ikulira. Ndinatambasula dzanja kuti ndizimitse.

"Musazimitse achimwene," anatero. "Ingochepetsani pang'ono, ndikuuzeni za simenti. Mmisiri akuti matumba aja sakwana."